Botolo Laling'ono Kwambiri

Mkaziyo anthu anafika naye kupolisi atang'ambidwa bulauzi, mlomo utatupa, nsapato imodzi itatsala kumanda. Anali mkazi wachiwiri wa mmisiri wa matabwa amene anali atangoikidwa kumene, ndipo omumenyawo anali abale a malemuwo. Chipwirikiti chinayamba maluwa asanaikidwe n'komwe pamtumbira, pamene mwana wamkulu wa mmisiriyo, mayi wophunzitsa kupulayimale, anaimirira n'kunena mosakuwa, mosalira, kuti: "Bambo anga sanafe ndi mtima. Afunseni awo chimene ankawamwetsa."

Mlanduwo unagwera Sajeni, mayi wathupi, wa bondo lovuta, amene ngakhale apolisi anzake ankamulambalala akakhala kuti sanamwe tiyi. Anali ataona akazi ambiri achitsikana okwatiwa ndi nkhalamba zokhala ndi nyumba, moti uyu anamuweruza asanatsegule pakamwa. Anamusiya chiimire pakati pa ofesi, phazi limodzi lili pasimenti.

"Unawapatsa chiyani?"

"Mankhwala awo okha, bwana. A mtima."

"Ndiye mankhwala a mtima ndi amene awapha?"

"Sindikudziwa, bwana. Ine ndinkangotsatira zimene ndinauzidwa."

"Nonse mumatero. Nkhalamba ija inkakutopetsa, eti? Kuitembenuza, kuisambitsa, kuichapira zonyansa, iwe magazi akadali otentha. Nena msanga, mwina tikuthandiza."

Mkaziyo anangoyang'ana manja ake, zala zitasupuka ndi sopo wochapira. Sajeni anauza wapolisi wa pakhomo kuti akamutsekere m'chitokosi, ndipo asamupatse bulangeti mpaka akumbuke.

*

Dokotala amene ankasamalira mmisiriyo Sajeni anamupeza akudya buledi chiimire kuseri kwa chitseko cha wodi. Ankalankhula mothamanga, ngati mawu akumuwotcha m'kamwa.

"Magazi tinawatenga atangofika, asanamwalire. Mankhwala a mtima anali atadzaza m'thupi, osati pang'ono ayi. Amenewa alibe masewera, Sajeni. Pakati pa kuchiza ndi kupha pali kampata kochepa ngati kukhuthala kwa lezala. Bambo aja anamwa a 0.25 kwa zaka. Impso zitayamba kufooka ndinawatsitsira pa 0.125. Ulendo womaliza ndinawatsitsiranso pa 0.0625, piritsi limodzi patsiku, ndipo ndinauza mwana wawo wamwamuna kuti akataye akale onse."

"Munthu akamwa ochuluka amatani?"

"Amasanza mpaka kutha mphamvu. Mutu umasokonekera. Ena amaona chilichonse chili chachikasu. Si imfa yabwino, ndipo imachedwa."

"Abale awo munawauza zimenezi?"

"Mphunzitsi uja ndi amene anaumirira kuti magazi ayezedwe. Anabweranso kudzafunsa zotsatira, ine ndinangoti nkhani yapita kupolisi. Nambala sindinamupatse ngakhale imodzi. Tatha? Ndili ndi anthu amoyo akundidikira."

*

Mphunzitsiyo analandira Sajeni pabalaza laukhondo mochititsa mantha, mabuku atandandalikidwa potsata kutalika kwake, mipando itavekedwa nsalu zoyera. Anali wowonda, wa magalasi, ndipo mawu aliwonse ankawatulutsa atawasita.

"Ndikuuzani zochepa, koma zoona. Chilowereni mkazi ameneyo m'nyumba ya mayi anga, phazi langa silinapondeko kuchipinda cha bambo. Ndikapita kukawaona ndinkathera pakhonde. Mankhwala awo sindinawaonepo, ngakhale mtundu wa botolo lake sindikuudziwa. Wosunga, wotsegula ndi womwetsa anali mmodzi yekha."

"Nanga munakayikira bwanji?"

"Bambo anandifunsa pakhonde kuti ndani wapaka makoma utoto wachikasu. Makomawo ndi oyera. Ine ndimawerenga, Sajeni."

Sajeni anatuluka atakhutira. Mboni yotere, anatero mumtima, woweruza amaikonda.

*

Nyumba ya mmisiri inali kuseri kwa shedi yake, ndipo fungo la utuchi linkalowa mpaka kuchipinda. Kumeneko Sajeni anapeza mwana wamwamuna wa malemuwo, dalaivala wa lole amene aliyense ankamutcha Giya, atakhala pabedi la bambo ake akuyeza nsapato zawo. Mowa unamveka iye asanalankhule.

"Kumene apitako sakavala, bwana. Ndipo taonani, saizi ndi imodzi. Amene ankakayikira zoti ndine mwana wawo abwere adzaone."

"Mankhwala ali kuti?"

Giya anakoka chitini cha mabisiketi pansi pa bedi. Munali misomali yopindika, mabatani, makiyi a maloko amene anataika kalekale, ndi mabotolo atatu oyera, ofanana chilichonse, dzina la mankhwala limodzimodzi. M'botolo la 0.25 munatsala timapiritsi tochepa pansi. La 0.125 linali pakati. La 0.0625 linali lisanatsegulidwe n'komwe, chomata chake chili chimatire.

"Adokotala anakuuzani kuti mutaye akale."

"Kutaya? Madala aja? Munthu wosunga msomali wopindika angataye mankhwala ogula? Maso anali atachita ng'ala, koma akamva chinthu chikugwera m'bini ankadzuka ngati mnyamata. Ine ndinangoponya latsopanolo m'chitinimo, ndinati amayi aang'ono, adokotala akuti tsopano azimwa laling'ono kwambiri pa onsewa. Basi, ndinakwera lole."

"Munawasonyeza kuti laling'onolo ndi liti?"

"Ine ndi masamu tinasudzulana kupulayimale, bwana, ndipo palibe analira mnzake."

"Ndiye anawasonyeza ndani?"

Giya anasiya kuseka. Anawerama n'kuyamba kumanga chingwe cha nsapato chimene chinali chomanga kale.

*

Chimene chinamuvuta Sajeni chinali chomata chija. Wakupha wochenjera akanatsegula botolo loyeneralo n'kumatayamo piritsi tsiku lililonse, kuti pofufuza zioneke bwino. Uyu anasiya zonse m'chitini pansi pa bedi, ngati munthu wopanda chobisa.

Anaitanitsa mkaziyo, n'kuika mabotolo atatuwo patebulo mosakaniza.

"Tandandalika awa. Uyambe ndi lofooka, uthere ndi lamphamvu."

Mkaziyo sanachedwe nazo. Nkhope yake inawala pang'ono, ngati ya munthu amene wafunsidwa funso lokhalo limene akulidziwa. Anaika la 0.25 kumanzere, la 0.125 pakati, la 0.0625 kumapeto.

"Ili ndi twente faifi, ndiye laling'onolo. Ili handiredi twente faifi. Ili sikisi handiredi twente faifi, ndiye loopsalo. Limeneli sindinaligwireko n'komwe, bwana, taonani, n'lomata. Ndinkachita kulikankhira pansi pa misomali kuti ndisalakwitse."

Sajeni analoza pabotolo.

"Nanga kadontho aka ndi ziro uyu?"

"Anati zimenezo ndi za kufakitale, ndisamaziwerenge. Ndiziwerenga nambala yokhayo."

"Anatero ndani?"

Mkaziyo anaweramitsa mutu. "Musawavutitse, bwana. Kumanda kuja chinawalankhulitsa ndi chisoni chabe. Iwo anandithandiza."

"Ndikuti ndani?"

"Aphunzitsi."

Kenako zinatuluka zonse. Giya atachoka, iye anasowa pogwira, chifukwa sukulu anailekeza akadali kamwana ndipo mwamuna wake sankathanso kuona zolemba. Anaimbira foni mphunzitsiyo mtima uli m'mwamba. Mphunzitsiyo anabwera Lamlungu masana, analowa kuchipinda bambo ake ali mtulo, n'kundandalika mabotolowo pazenera.

"Anandiphunzitsa mofatsa, bwana, mpaka kundibwerezetsa kuti aone ngati ndamva. Tsiku limenelo anandiitana kuti mayi. Chibwerere m'banja muja anali asananditchulepo choncho. Atachoka ndinalira."

"Bambo atayamba kusanza unatani?"

"Ndinawaimbiranso. Anati matenda akuposa mankhwala, poti ndi ofooka aja. Anati ndiziwapatsa awiri."

Sajeni anakankha mpando ndi phazi.

"Khalani pansi, mayi."

Mkaziyo anacheuka kuti aone ngati kumbuyo kwake kwalowa munthu wina.

*

Sajeni anamupeza Giya m'shedi, atakhala pakati pa matabwa osapala. Ulendo uno Sajeni sanafunse mwaulemu. Anamukumbutsa kuti botolo anabwera nalo ndi iye, uthenga wa dokotala anaupereka theka ndi iye, ndipo m'chitokosi malo akadalimo.

"Lamlungu lija munali kuti?"

"Ndinali nditabwerako ku ulendo. Ndinkatsuka zitsulo za lole panja, pansi pa zenera lomwelo."

"Munamva chiyani?"

Giya anapukusa mutu, anayang'ana kudenga, anayang'ana kukhomo. Nthabwala zinali zitamuthera.

"Ndinamva achemwali akuti twente faifi ndi yaing'ono, sikisi handiredi ndi yaikulu. Ndinati zoona, ngakhale ine wopepera ndikudziwa. Ndinasangalala, bwana. Ndinati akaziwa ayamba kulankhulana, nyumba ipola."

"Munazindikira liti?"

"Pamaliro. Achemwali atauza anthu kuti kuchipinda kuja sanapondeko."

"Ndiye mkazi uja akumenyedwa kumanda, inu munali kuti?"

"Ndinaima pomwepo."

"Manja ali m'thumba."

"Ndi mlongo wanga, bwana." Analoza kuseri kwa makina ochekera, pamene panali mulu wa zidutswa za matabwa. "Amayi athu atafa ziwalo, madala anati nyumba ikununkha. Anawasamutsira apo. Makina akulira, iwo ali gone, utuchi ukuwagwera m'tsitsi ndi m'kamwa. Achemwali akaweruka ankabwera kudzawasambitsa. Anafera pomwepo. Chaka chisanathe madala anabweretsa mkazi uyu, n'kumugoneka pabedi la amayi."

"Mkaziyo ankadziwa zimenezi?"

"Ameneyo? Anapeza shedi itasesedwa."

*

Ana anali ataweruka. Mphunzitsiyo anali yekha m'kalasi, akufufuta pabolodi. Sajeni analowa akutsimphina kuposa masiku onse, anadziponya pakadesiki ka ana mpaka kanalira, n'kutulutsa mabotolo awiri okha, la 0.25 ndi la 0.125.

"Aphunzitsi, ndithandizeni. Ndikaima pamaso pa woweruza, loya wa mkazi uja akandichititsa manyazi. Akuti ankawamwetsa ili la twente faifi poganiza kuti ndi laling'ono. Kunena zoona, nanenso ndikuona choncho. Twente faifi ingapose bwanji handiredi twente faifi?"

Mphunzitsiyo anamuyang'ana pamwamba pa magalasi, ndi chisoni chimene ankasungira ana ouma mutu. Anatola choko.

"Kumanja kwa kadontho sitiyang'ana kutalika kwa nambala, Sajeni. Timayang'ana malo. Malo oyamba ndi magawo a khumi, achiwiri magawo a zana, achitatu magawo a chikwi. Mumalemba kadontho pansi pa kadontho, n'kuyamba kuyerekeza kuchokera kumanzere." Analemba 0.25, pansi pake 0.125. "Pamalo oyamba apa pali 2, apa pali 1. Nkhani yathera pomwepo. Magawo awiri a khumi aposa gawo limodzi, ndipo zotsatirazo, kaya zichuluke bwanji, sizingabweze. Ngati maso akukunamizani, dzazani ziro kuti zitalike mofanana, 0.250 ndi 0.125. Mwaona tsopano?"

"Eee! Ndiye lamphamvu ndi la nambala yaifupili?"

"Kawiri konse. Ndipo mukaliyerekeza ndi limene bambo anayenera kumwa..." Choko chinathamanga chokha, chinalemba 0.0625 pansi pa zinazo, kadontho pansi pa kadontho. "Apa pamalo oyamba pali ziro. Silikwana ngakhale gawo limodzi la khumi. Piritsi limodzi la 0.25 ndi anayi a awa. Mapiritsi awiri ndiye asanu ndi atatu. Mwana aliyense wa m'kalasi muno angakuuzeni. Woweruza asanamizidwe kuti munthu wamkulu angalakwitse zimenezi."

Sajeni anayang'ana pabolodipo kwa kanthawi. Kenako anapisa m'thumba la yunifolomu, anatulutsa botolo lachitatu n'kuliimika pambali pa anzake.

"Ili munaliona kuti, aphunzitsi? Ine ndakusonyezani awiri."

"Adokotala anandiuza."

"Adokotala akuti sanakupatseni nambala ngakhale imodzi. Kuchipinda munati simunapondeko, mtundu wa botolo simukuudziwa. Ndipo za mapiritsi awiri sindinauze munthu. Akuzidziwa ndi amene ankamwetsa, ndi amene anamulangiza pafoni."

Mphunzitsiyo anaika choko pansi, anatulutsa kampango n'kuyamba kupukuta zala, chimodzichimodzi.

"Mlongo wanga walankhula."

"Anali pansi pa zenera."

"Amenewo ndiye malo ake. Amayi akufera m'shedi analinso panja, akusuzumira."

"Za bambo anu ndamva. Nanga mkaziyo anakulakwirani chiyani?"

"Anagona pabedi la mayi anga. Anavala juzi yawo pamaso panga, n'kundifunsa ngati ikumukhala." Anapinda kampangoko bwinobwino. "Komanso bambo ankamukhulupirira. Chochokera m'manja mwanga sakanamwa, ankadziwa zimene anachita. Chochokera m'manja mwa uja ankameza ngakhale akulira. Ine sindinaphe munthu, Sajeni. Sindinagwire supuni, sindinagwire kapu. Pa zaka zonse zimene ndaphunzitsa molondola, ndinangophunzitsa molakwika masana amodzi."

Anatambasula dzanja kuti atole chofufutira.

"Zisiyeni choncho," anatero Sajeni, akutulutsa foni kuti ajambule. "Mwalemba bwino kwambiri."

*

Chotsala chinali kumuuza mkazi uja, ndipo Sajeni akanakonda kutuma wina. Anamuitanira mu ofesi, anatenga buledi amene anagulira tiyi wake, anamudula panayi.

"Buledi yense ndi chinthu chimodzi chathunthu. Chidutswa ichi ndiye 0.25, chimene mumati twente faifi." Anatenga chidutswacho n'kuchidulanso panayi, anakankhira kamodzi kutsogolo. "Aka ndiye 0.0625, kamene mumati sikisi handiredi. Adokotala ankafuna bambo azimwa aka."

Sajeni ankayembekeza kuti abwereza kangapo. Sanafunike kutero. Mkaziyo anayang'ana kachidutswako, anayang'ana tina titatu totsalato. Mutu anali nawo wabwino, anangosowa womutumiza kusukulu.

"Ndiye loopsa lija... limene ndinkabisa pansi pa misomali..."

"Ndi limene anayenera kumwa."

"Ankandipempha, bwana." Mawu ankatuluka pansipansi. "Ankati mkazi wanga, mankhwalawa akundipha, tandisiya lero lokha. Ankatseka pakamwa ngati mwana. Ine ndinkawasinja ndi supuni n'kuthira mu tiyi kuti asadziwe. Ndinkawagwira mutu, n'kumawanyengerera kuti amalize. Akamaliza ankandithokoza."

Sajeni anamuuza kuti mlandu wamuchoka, akhoza kupita. Anamuperekeza yekha. Ali m'kanjira kopita kukhomo anakumana ndi apolisi awiri akubwera ndi mphunzitsi uja, maunyolo ali m'manja, msana uli chiwongokere. Kanjirako kanali kopapatiza. Mkaziyo, mwa chizolowezi, anadzikanikiza kukhoma kuti aphunzitsi adutse.

Mphunzitsiyo anaima, anamuyang'ana kuyambira kumutu mpaka kumapazi.

"Pa ana onse amene ndaphunzitsa," anatero, "palibe anagwira phunziro ngati iwe."

Apolisi anamukankha, anapitirira.

Panja dzuwa linali likuswa mtengo, magalimoto akudutsa, mayi wina akukangana ndi wokonza njinga. Panalibe amene anabwera kudzamutenga. Katundu wake, Sajeni anali atamva kale, abale a malemu anamuunjika kunja kwa mpanda n'kusintha loko. Mkaziyo anaima pamasitepe, akuphethira.

"Bwana, ndifunseko chimodzi. Akanamwa lomata lija, bwenzi ali moyo? Kapena matenda anali atawatha kale?"

Tsiku limenelo Sajeni anali atanama mosavutika, mpaka kudzisandutsa mbuli pakadesiki ka ana. Ankadziwa yankho limene mkaziyo akanatha kukhala nalo moyo. Koma nkhaniyi inali ikupita kukhoti, kumene dokotala akanena zonse mkaziyo ali pomwepo.

"Adokotala akuti bwenzi ali moyo."

Mkaziyo anagwedeza mutu pang'onopang'ono.

"Zikomo, bwana," anatero.

Anatsika masitepewo atagwira chitsulo cha m'mbali. Atafika pamsewu anayang'ana kumanja, kumene kunali nyumba ya mmisiri, kenako anakhotera kumanzere.